Rimu yalowa koma galimoto yayamba kuvuta: marimu ndi matayala pa Corolla yakale ndi zinzake

Nkhani yake imakhala imodzimodzi nthawi zonse. Munthu waona mamagi (marimu a aluminiyamu) owala pamsika, wogulitsa wamuuza kuti "achimwene, awa ndi ma 14, mabowo anayi, alowa basi," ndipo alowadi. Pakutha pa masiku atatu chiwongolero chayamba kunjenjemera, tayala likukwecha akamakhota, kapena nati imodzi yasowa osadziwa komwe yagwera. Akabwera kwa ife ogwira ntchito ya matayala amafuna balansi, chifukwa ndi mawu okhawo amene anamva. Nthawi zina ndi balansi yomweyo. Koma nthawi zambiri vuto linayambira pogula pomwe, pakuti rimu kulowa pamabawuti sikutanthauza kuti yakwana.

Ndatopa nako kufotokoza zimenezi nditanyonyomala pambali pa jeke, ndiye ndazilemba. Zitsanzo zambiri ndi za Toyota Corolla zochokera ku Japan zimene zadzaza m'misewu yathu: AE100 ya 1991 mpaka 1995, AE110 ya 1995 mpaka 2000, ndi NZE121 imene inayamba kupangidwa mu 2000. A galimoto zina, njira yofufuzira ndi yomweyi, manambala okha ndiwo osiyana.

## Manambala oti mukhale nawo musanamasule nati ndi imodzi yomwe

Pa Corolla zitatu zimenezi:

- Mabowo ndi kutalikirana kwake, PCD: 4x100. Mabowo ndi anayi, ndipo kuchoka pakati pa bowo limodzi kufika pakati pa bowo loyang'anizana nalo ndi 100 mm.
- Bowo lalikulu lapakati: 54.1 mm. Ili ndi limene limakhala pa hub, chitsulo chokhala ndi mabawuti chimene wilo limamangidwapo.
- Offset, kutanthauza mmene rimu imalowera m'kati kapena kutulukira kunja, m'mamilimita: cha m'ma +45. Imalembedwa kuseri kwa rimu ngati ET45 kapena 45 chabe. Marimu a pakati pa +38 ndi +45 sakonda kuvuta.
- Manati: saizi ndi mano ake ndi M12x1.5, omangidwa ndi mphamvu ya 103 Nm.
- Saizi ya tayala ndi mpweya: onani kapepala kamene kanamatidwa pachitseko cha dalaivala kapena pamtanda wake. Ngakhale kali m'Chijapani, manambala mumawawerenga.

Tayala lolembedwa 175/70R13 82S likunena izi: m'lifupi ndi 175 mm, msinkhu wa khoma lake la m'mbali ndi magawo 70 pa 100 a m'lifupimo, limavala rimu ya mainchi 13, limasenza makilogalamu 475, ndipo linapangidwira liwiro losapitirira 180 km pa ola. Nambala yapakati ija ndi imene imasokoneza anthu. Si mamilimita. Nchifukwa chake 185/70 ndi lalitali kuposa 175/70 ngakhale onse alembedwa 70.

Rimu nayo ili ndi zolemba zake, monga 14x5.5JJ: mainchi 14 kukula kwake, mainchi 5.5 m'lifupi. Itembenuzeni muwerenge musanapereke ndalama. Wogulitsa akakana kuti muitembenuze, mwayankhidwa kale.

## Chizindikiro 1: Rimu ikukana kufika pa hub, kapena manati akulowa mokakamiza

Apa musalimbane nazo. Rimu yoyenera imalowa ndi manja, nkukhala phwatalala pa hub, ndipo manati onse amazungulira ndi zala mpaka kuigunda.

a) Bowo lapakati ndi laling'ono. Ichi ndiye chofala. Rimu ya Toyota ya 54.1 mm silowa pa Honda Civic yakale kapena Fit zimene hub yake ndi 56.1 mm, kapena pa Golf yakale ya 57.1 mm, ngakhale zonsezi ndi 4x100. Rimu imatsamira pamlomo wa hub, kuseri nkutsala mpata. Yang'anani ndi tochi kuseri kwake. Ngati pali mpata, ichotseni. Kukuza bowolo nkotheka, koma pamakina osemera zitsulo okha, ndi munthu wodziwa. Tupa kapena gulayinda zimachotsa bowo pakati penipeni, ndipo wilo silidzayendanso mowongoka.

b) PCD ndi ina. Galimoto zina za mabowo anayi ndi 4x114.3, ndipo kusiyana kwake ndi 4x100 kumaoneka ndi maso. Zoopsa ndi zoyandikana. Marimu a Fiat ndi 4x98: amalowa pa Corolla, nati yoyamba imamanga bwinobwino, zinazo zimalowa mopendekeka nkumapinda mabawuti. Kwa a mabowo asanu msampha ndi 5x112 ya Mercedes ndi 5x114.3 ya Mark II ndi Cresta. Premio ndi Allion za m'ma 2001 mpaka 2007 ndi 5x100.

Kuyeza kwake: pa mabowo anayi, rula kuchoka pakati pa bowo kufika pakati pa loyang'anizana nalo. Pa mabowo asanu palibe loyang'anizana, ndiye yezani mabowo awiri oyandikana: 58.8 mm ndi 5x100, 65.8 mm ndi 5x112, 67.2 mm ndi 5x114.3. Awiri omalizawa rula yapulasitiki ya mwana wasukulu siingawasiyanitse bwino. Pemphani choyezera cha makaniko.

c) Rimu ikugunda caliper ya mabuleki, chitsulo chija chofinya disiki. Zimachitika mukatsitsa saizi, monga kuika ma 13 pagalimoto imene inabwera ndi ma 14, komanso ndi mamagi ena amene mikono yake ndi yopindikira mkati. Mangani manati awiri ndi dzanja, zunguzani wilo lili m'mwamba, mvetserani. Likakhudza ngakhale pang'ono, rimuyo si ya galimoto yanu.

d) Dzimbiri kapena mphete yakale yatsalira pa hub. Palani ndi burashi ya waya. Mphete yapulasitiki ya marimu akale imakanirira pa hub osaoneka, makamaka ikadetsedwa ndi fumbi la mabuleki.

## Chizindikiro 2: Chiwongolero chikunjenjemera pa liwiro la 80 mpaka 100

Choyamba siyanitsani. Ngati chikunjenjemera pokhapokha mwaponda buleki, si marimu ayi, ndi madisiki. Ngati kunjenjemerako mukukumvera pampando osati m'manja, yambani ndi mawilo akumbuyo.

a) Balansi. Timtovu tagwa, kapena m'kati mwa rimu mwaumira matope. M'nyengo yamvula ndimayamba nditsuka kaye rimu ndisanaiike pamakina, ndipo ena amapita kwawo osalipira balansi chifukwa vuto linali dothi la kumudzi kwawo. Makina akafuna mtovu wochuluka kwambiri pa wilo limodzi, musavomere kuti angomatapo. Pitani pa b.

b) Rimu yopindika. Pemphani kuti muone wilo likuzungulira pamakina. Yang'anani mlomo wam'kati, osati wakunja wokha, chifukwa dzenje la pamsewu limakonda kupinda wam'kati umene suoneka. Rimu yachitsulo imawongoleka. Magi yopindika pang'ono imawongoleka pamakina ake. Yoimenya ndi hamala imang'aluka mwakachetechete.

c) Bowo lapakati ndi lalikulu kuposa hub. Apa ndi pamene anthu amataya ndalama zambiri, chifukwa pamakina wilo limaonetsa ziro, koma pamsewu likunjenjemerabe. Mamagi ambiri osakhala a kufakitale amapangidwa ndi bowo lalikulu, monga 73.1 kapena 67.1 mm, kuti akwane galimoto zosiyanasiyana. Pa hub ya 54.1 mm rimu yotere ilibe pokhalira, imadalira manati kuti ikhale pakati. Mukamanga nati yoyamba mwamphamvu wilo litalendewera, mwalimangira pambali.

Mankhwala ake ndi timphete totchedwa hub ring, ta saizi yeniyeni: 73.1 kupita ku 54.1, kapena 56.1 kupita ku 54.1 ngati rimu inachoka pa Honda. Ngati sitikupezeka msanga, mangani chonchi: galimoto ili pajeke, lowetsani manati onse ndi zala kwinaku mukugwedeza wilo kuti lidzipezere pakati, kenako limbitsani pang'onopang'ono modumphitsa, iyi kenako yoyang'anizana nayo. Izi zimagwira ndi manati osongoka okha.

Bambo wina wa AE110 anabwera atapangitsa balansi katatu kwa anthu osiyanasiyana, atasintha ma tie rod end, ndipo anali atauzidwa kuti agule mashoko. Nditachotsa wilo ndinalowetsa chala pakati pa hub ndi rimu, chinalowa. Ndinawaitana kuti, "Bambo, tabwerani mulowetse chanu." Anangogwira pakamwa. Timphete tinayi tinathetsa nkhani ya miyezi iwiri.

d) Tayala lapatukana m'kati. Limeneli limayamba kugwedeza galimoto ngakhale pa 30 kapena 40, ngati ikutsimphina. Yendetsani chikhatho pamwamba pa tayala mozungulira, mosamala chifukwa mawaya amabaya. Mukamva nthumbira kapena mizere itakhota ngati njoka, tayalalo latha ntchito. Lichotseni lero.

e) Bearing, ball joint kapena mabushi. Gwirani wilo lili m'mwamba, dzanja pamwamba lina pansi, gwedezani. Likamagogoda, nkhaniyo yachoka kwa ife a matayala, yapita kwa makaniko.

## Chizindikiro 3: Tayala likukwecha pokhota, pabampu kapena mukanyamula anthu

Musangoganiza, pezani pamene likukhudza. Khotetsani chiwongolero mpaka kumapeto mbali zonse ziwiri muyang'ane m'kati mwa madigadi. Pamene likukwecha pamakhala powala kapena popalika. Ngati simukuona, pakani choko pakhoma la tayala, yendani pang'ono, muone pamene chafufutika.

a) Tayala ndi lalitali kuposa saizi yake. Ambiri amachita dala kuti galimoto ikwere, ndipo sindiwada, misewu yathu mukuidziwa. Koma pali malire. Msinkhu wa wilo lonse usasiyane ndi wa kufakitale kupitirira magawo atatu pa 100. Tengani galimoto imene inabwera ndi 175/70R13, msinkhu wake 575 mm:

- 155/80R13 ndi 578 mm, nchimodzimodzi
- 185/60R14 ndi 578 mm, nchimodzimodzi
- 195/50R15 ndi 576 mm, nchimodzimodzi
- 175/65R14 ndi 583 mm, palibe vuto
- 185/70R13 ndi 589 mm, lakwerako koma lili m'malire
- 185/65R14 ndi 596 mm, ladutsa pang'ono, yesani kaye
- 185/70R14 ndi 615 mm, ladutsa kwambiri

Lomalizali ndi limene limandibweretsera makasitomala. Limapezeka paliponse chifukwa NZE121 zambiri zimavala limenelo, ndiye mwini AE100 amangoti Corolla ndi Corolla. Wilo latalika ndi 40 mm, koma galimoto yakwera ndi 20 mm yokha, theka, ndipo 20 mm inayo yapita m'mwamba kukadya mpata wa m'madigadi. Pa NZE121 ya 185/70R14, lofanana nalo pa ma 15 ndi 195/60R15, nalonso 615 mm.

Kuwerengera nokha sikovuta: m'lifupi kuchulukitsa ndi nambala yapakati, kugawa ndi 100, kuchulukitsa kawiri, nkuphatikiza mainchi a rimu ochulukitsidwa ndi 25.4.

b) Offset ndi ina, kapena rimu ndi yotambalala kwambiri. Nambala ya offset ikatsika, wilo limatulukira kunja. Ikakwera, limalowa m'kati. Ngati tayala likudyedwa ndi mlomo wa madigadi, latuluka kwambiri. Ngati likukhudza shoko kapena sipuling'i, lalowa kwambiri.

Onani zimene zimachitika mukachotsa 5.5J ya +45 nkuika 7J ya +35, yomwe anyamata amaikonda. Rimu yakula ndi 38 mm, ndiye 19 mm mbali iliyonse. Offset yaikankhira kunja ndi 10 mm. Mbali yakunja yatuluka ndi 29 mm, yam'kati yayandikira shoko ndi 9 mm. Galimoto ikaima yopanda anthu imaoneka bwino zedi. Mukakweza anthu atatu kumbuyo ndi thumba la chimanga mubuti, bampu yoyamba madigadi amacheka tayala ngati mpeni.

c) Masipuling'i ndi mashoko atopa. Galimoto ya zaka zoposa 20 inakhala pansi kale. Saizi imene ikukwana pa Corolla ya mnzanu ikhoza kukwecha pa yanu. Yezani kuchoka pakati pa wilo kufika pamlomo wa madigadi, kumanja ndi kumanzere. Zikasiyana kwambiri, vuto si tayala.

d) Pulasitiki ya m'madigadi yamasuka. Timapini take timathyoka. Imangeni, nkhani yatha.

Za ma spacer: sindimaika kachitsulo kopyapyala kuseri kwa rimu pofuna kubisa offset yolakwika. Kamadya utali wa bawuti, kamachotsa rimu pamlomo wa hub, ndipo mavuto a Chizindikiro 2 ndi 4 amabwera limodzi.

## Chizindikiro 4: Manati akumasuka okha, kapena mabawuti akuthyoka

Ili ndi vuto lopha. Mukamva kugogoda kumene kukuthamanga limodzi ndi liwiro, makamaka mutangosintha wilo, imani pomwepo muone manati.

a) Mpando wa nati sukugwirizana ndi bowo la rimu. Pali mitundu itatu. Yosongoka ngati fanulo ndi ya marimu achitsulo ambiri ndi mamagi ambiri ogula padera. Yaphwatalala yokhala ndi washala ndi ya mamagi a Toyota a kufakitale. Yobulungira ngati mpira ndi ya marimu a kufakitale a Honda, komanso mabawuti a Volkswagen ndi Mercedes. Nati yosongoka m'bowo lobulungira imagwira pakamzere kakang'ono chabe. Imamveka yolimba pasipanala, koma ikayenda imadya aluminiyamu nkupeza mpata. Chotsani nati imodzi muone bowo: ngati pali kamzere kowala kopyapyala m'malo moti mpando wonse ukhale wogundidwa, manati ndi olakwika. Pogula marimu a kaunjika, funsani manati ake.

b) Mano a nati ndi ena. Toyota, Honda, Mazda ndi Mitsubishi ndi M12x1.5. Nissan ndi Subaru ndi M12x1.25. Poziyang'ana nzofanana. Nati ya Nissan pa bawuti ya Toyota imazungulira kamodzi kapena kawiri nkulimba, ndipo mnyamata wa dzitho amaipondera ndi mwendo mpaka ilowe. Bawutiyo yafa. Lamulo langa: nati iliyonse iyambe ndi zala. Ikakana, pali chifukwa.

c) Nati sikugwira mokwanira. Magi ndi yochindikala kuposa rimu yachitsulo, ndiye bawuti imatulukira pang'ono. Werengani: pa M12x1.5 nati izungulire kasanu ndi katatu isanalimbe, ndiye 12 mm. Ikazungulira kanayi kapena kasanu basi, musayende. Palinso zosiyana nazo: nati yotseka kumutu ikakhala yaifupi, imagunda nsonga ya bawuti isanafinye rimu.

d) Kumanga mopyola muyezo. Chizolowezi cholumikiza paipi kusipanala nkuimapo ndi thupi lonse chimatamula bawuti. 103 Nm ndi mphamvu ya mkono wa munthu wamkulu pasipanala wamba, si kulemera kwa thupi lake. Musapake girizi kapena oyilo pamabawuti.

e) Utoto kapena dothi pakati pa rimu ndi hub. Marimu opentedwa kumene amachita zimenezi: utoto ukaphwanyika, manati amapeza mpata. Palani malo okhudzana, ndipo mukayenda makilomita 50 mpaka 100 mutasintha wilo lililonse, bwerezani kulimbitsa.

Bawuti imodzi ikathyoka, sinthani zonse za wilo limenelo, pakuti zinzakezo zasenza katundu wosakhala wawo. Rimu imene mabowo ake asanduka ngati dzira itayeni.

## Chizindikiro 5: Galimoto yalemera, ikumwa mafuta, sipidomita ikunama

Pafupifupi nthawi zonse ndi tayala lalitali kapena wilo lolemera. Ndi 185/70R14 pamalo pa 175/70R13, wilo lakula ndi magawo pafupifupi 7 pa 100. Pamene poyamba munkayenda 100, tsopano singano ili pomwepo mukuyenda 107, ndipo wapolisi wa kamera sadzamva za saizi ya matayala. Injini ya 1.3 kapena 1.5 imavutika pamtunda ngati mwanyamukira giya yachiwiri. Yerekezani sipidomita ndi liwiro la GPS pafoni, pamsewu wowongoka, foniyo atagwira wina.

Pali kachinyengo kena: tayala lalitali limachititsa kuti makilomita aziwerengeka ochepa kuposa amene mwayenda, ndiye mukawerengera mafuta zimaoneka ngati yaonjeza kumwa kuposa mmene zilili. Kumwa kwenikweni kumachokera ku matayala otambalala, marimu olemera a 16 ndi 17, ndi mpweya wochepa. Yambani ndi mpweya, ndi waulere kuuyeza.

Galimoto ikamakokera mbali imodzi kapena nyali ya ABS ikayaka, onani ngati matayala a kumanja ndi kumanzere ali a saizi imodzi. Ndaonapo 175/70 mbali ina, 185/70 mbali inayo, mwini wake osadziwa. A Corolla za 4WD, monga AE114 ndi NZE124, anayi onse afanane saizi ndi kadyekedwe, apo ayi mukuwononga zida zodula kuposa matayalawo.

## Chizindikiro 6: Tayala likuphwa pang'onopang'ono popanda msomali

Sungunulani sopo m'madzi, thirani pavalavu, m'mphepete mwa rimu mbali zonse ziwiri, ndi pamikono ya magi. Thovu likuuzani.

- Valavu yakalamba. Ipindeni pang'ono, ikang'aluka patsinde, sinthani. Tayala latsopano lililonse lizibwera ndi valavu yatsopano.
- Mlomo wa magi wachita chuku choyera pamene tayala limakhala. Kuchotsa tayala, kupala, kupakapo mankhwala omatira.
- Mlomo wapindika. Onani Chizindikiro 2.
- Rimu yatambalala kuposa tayala. 175/70R13 limafuna rimu ya mainchi 4.5 mpaka 6. 185/65R14 ya 5 mpaka 6.5; 195/50R15 ya 5.5 mpaka 7. Kukoka tayala laling'ono parimu yaikulu ndi fasho imene imathera pa dzenje loyamba.
- Magi yang'aluka. Thovu likatuluka pachitsulo penipeni, imani.

Kuika chubu m'tayala losafuna chubu pofuna kubisa zonsezi ndi njira ya tsiku limodzi kuti mukafike kunyumba. M'kati mwa tayala lotere ndi mokhakhala, chubu chimakhuzika, chimatentha, ndipo chikaphulika mpweya umatha nthawi imodzi.

## Chizindikiro 7: Matayala akutupa m'mbali kapena akutha msanga

a) Khoma la tayala ndi lalifupi kwambiri. Pano ndinene maganizo anga poyera. Khoma la 175/70R13 ndi 122 mm. La 195/50R15 ndi 97 mm. La 205/40R17 ndi 82 mm. Khoma limenelo ndilo limameza dzenje rimu isanagunde phula. Ngati galimoto yanu imayenda M1 kapena M5 m'miyezi ya mvula, kapena imalowa kumudzi, khalani pa 13 kapena 14, ndipo nambala yapakati isatsike pansi pa 60. Ma 17 pa AE110 amakongola pachithunzi. Ine ndimawaona akabwera atapindika awiriawiri. Chotupa cha m'mbali ndi ulusi woduka m'kati, sichimatika, sichiwotchedwa.

b) Katundu waposa mphamvu ya tayala. Pa nambala yotsatira saizi, monga 82 ya mu 82S: 82 ndi makilogalamu 475, 84 ndi 500, 86 ndi 530, 88 ndi 560. Musatsike pansi pa nambala ya pakapepala ka pachitseko. Amene mumanyamula anthu ndi katundu tsiku ndi tsiku, kwerani nambala, ndipo mpweya muziyeza m'mawa matayala asanatenthe.

c) Ndi matayala a chisanu. Galimoto zambiri zimafika kuchokera ku Japan zitavala matayala olembedwa STUDLESS, ena ali ndi chizindikiro cha phiri ndi kanyenyezi ka chipale chofewa. Mizere yake imakhala yakuya, yokhala ndi timing'alu tambirimbiri tokhotakhota, ndiye pamsika wa kaunjika amaoneka ngati atsopano kuposa onse. Labala yake ndi yofewa, inapangidwira madzi oundana. Paphula lotentha la mu Okutobala imanyenyeka msanga, galimoto imayandama pokhota, ndipo buleki imatalika.

d) Ndi okalamba. Pakhoma pali manambala anayi m'kabokosi: 2319 ndiye sabata ya 23 ya chaka cha 2019. Lodutsa zaka zisanu ndi chimodzi lionedwe bwino. La zaka khumi lichoke ngakhale mizere ilipo. Lokhala ndi manambala atatu okha linapangidwa 2000 isanafike, ndi loyenera kudzalamo maluwa.

e) Kadyekedwe kakuuzani zina. Pakati pokha, mpweya wachuluka. M'mphepete monse muwiri, mpweya wachepa. Mbali imodzi, alaimenti, ndipo offset yotulutsa wilo kunja imaonjezera zimenezi nkumapha bearing. Timabampu ta m'kati mwa mizere tili pa 1.6 mm, tayala likafika pamenepo ndi dazi, ndipo musadikire kuti oyeza galimoto a COF akuuzeni.

## Pamene muyenera kusiya nkuitana wodziwa

- Bawuti yathyoka, yapindika kapena ikuzungulira limodzi ndi nati.
- Magi yang'aluka pamkono kapena pafupi ndi mabowo. Imeneyo siwotchereredwa, ngakhale wina alumbire kuti amatha.
- Wina akufuna kuboola mabowo atsopano kapena kukuza akale kuti PCD ikwane. Kanani.
- Rimu kapena tayala zakhudza paipi ya buleki kapena caliper.
- Kunjenjemera kukupitirira mutachita balansi, mutaika timphete ndi kusinthanitsa mawilo akutsogolo ndi akumbuyo.
- Wilo likugogoda mukaligwedeza, kapena hub ikutentha kuposa inzake mutayenda pang'ono.
- Tayala likukana kukhala pamlomo wa rimu popopa. Musaonjezere mpweya mopyola, musayatsepo petulo, ndipo musaweramirepo.

Ndipo musalowetse mutu kapena mkono pansi pa galimoto imene yaimira jeke yokha. Wilo limene mwachotsa ligonekeni pansi pa galimoto, pafupi ndi jekeyo.

## Sipeya

Mukamaliza zonse, tsegulani buti. Ngati mwasintha marimu anayi, yesani sipeya pa hub yakutsogolo lero, pabwalo panu, ndi manati amene ali pagalimotoyo ndi sipanala imene muli nayo. Mamagi ena mabowo ake ndi opapatiza moti sipanala ya kufakitale ya 21 mm silowa, ndipo manati ake amafuna kiyi yakeyake imene wogulitsa anaiwala kukupatsani. Ngati manati a mamagi anu sakugwirizana ndi rimu yachitsulo ya sipeya, sungani manati anayi osongoka m'kathumba, mukamangirire kusipeyako. Ngati sipeya ndi kaja kakang'ono kopyapyala, kamafuna mpweya wa 420 kPa, pafupifupi kawiri mpweya wa matayala enawo, ndipo sikayenera kupitirira 80 pa ola. Ndikayeza ta makasitomala anga, tambiri ndimatipeza tili ndi mpweya wosafika theka.